Chiwongolero cha Gemu Chikakana Kugwira, Musathamangire Sikuludiraiva

Loweruka lapitali m'mawa, ndili mkati mochonga mapepala a Fomu 3, foni inalira. Anali mphwanga. Sanayambe n'komwe ndi moni.

"Achimwene, andiponda. Chinthu chija n'chakufa."

Chinthu chimene ankanenacho ndi chiwongolero cha gemu, Logitech G29, chokhala ndi mapedulo ake atatu. Mphwangayu ali ndi kachipinda ka magemu ku Chilomoni, komwe anyamata amalipira kuti asewere mpira pa PlayStation 4. Ataona kuti malo a mpira achuluka m'deralo, anaganiza zobweretsa chachilendo: mpikisano wa galimoto, munthu atagwira chiwongolero chenicheni, phazi lili pa moto. Anatenga ngongole ku banki m'khonde n'kutumiza ndalama kwa mnzake wa ku Johannesburg, amene anamugulira chogwiritsidwapo kale ntchito n'kuchikweza basi. Chinafika Lachitatu. Pofika Loweruka chinali chisanagwedezeke ngakhale kamodzi, pamene ngongole ija ikubereka.

"Ndayesa zonse," anatero. "Changotsala n'kuchitsegula basi, ndione m'kati."

Ndinamuuza kuti aike sikuludiraiva pansi mpaka nditafika. Ndinatenga multimeter yanga n'kukakwera minibasi.

"Ndayesa zonse"

Mawu amenewa ndimawamva chaka chilichonse mu labu, makamaka pa pulakitiko ya magetsi. Babu silikuyaka, wophunzira wasintha batire, wagwedeza mawaya, wabwereka babu la gulu lina, kenako akukweza dzanja: "Sala, tayesa zonse." Mphwanga naye anachita chimodzimodzi. Anazimitsa PlayStation n'kuiyatsanso kangapo. Anasuntha waya wa USB kuchoka pa khomo lina kupita pa lina. Anakankha kaswichi kena kamene kali pamwamba pa chiwongolerocho, ataona kuti palibe chasintha anakabwezera pomwe kanali. Nthawi zonse ankayang'ana chinthu chimodzi chokha: kodi galimoto ya pa sikirini ikukhota ndikapotoza chiwongolero?

Taganizirani batire, babu limodzi ndi maswichi atatu olumikizidwa mondondozana, mu series. Swichi iliyonse ikhoza kukhala yotseka kapena yotsegula, choncho njira zoikira maswichiwa zilipo 2 × 2 × 2, zomwe ndi 8. Pa njira 8 zimenezi, imodzi yokha ndiyo imayatsa babu: onse atatu akhale otseka. Tsono tinene kuti onse atatu ndi otsegula koma inu simukudziwa. Mwatseka yoyamba, mdima. Mukuti "si imeneyi," mwaibwezera. Mwatseka yachiwiri, mdima, mwaibwezera. Yachitatu, mdima. Mwayesadi zonse, simunaname, komabe simunaphunzirepo kanthu, chifukwa babu lili kumapeto kwenikweni ndipo silingakuuzeni zimene zikuchitika pakati.

Lamulo lija timakuphunzitsani, loti muzisintha chinthu chimodzi pa nthawi imodzi, ndi labwino ndithu. Koma zolakwika zikakhala zingapo nthawi imodzi, lamuloli limafuna mnzake: pa sitepe iliyonse pezani chizindikiro chakechake chokuuzani ngati sitepeyo yayenda. Mu labu mukanatenga voltmeter n'kuyeza kuseri kwa swichi iliyonse. Pa chiwongolero, "maswichi" athu anali atatunso. Pamafunika mphamvu yoyendetsa mamota, pamafunika njira yodutsa uthenga pakati pa chiwongolero ndi PlayStation, ndiponso PlayStation iyenera kuchivomera kuti ndi chake.

Magetsi a mamota

Anthu ambiri amadabwa kuti chiwongolerochi chili ndi mawaya awiri, wina wopita ku PlayStation, wina wopita ku soketi ya pakhoma. Padi wamba wosewerera mpira uja amangodalira USB, nanga ichi n'chosiyana bwanji? Yankho lili mu P = VI. Khomo la USB 2.0 limapereka ma volt 5, ndipo malire ake a current ndi 0.5 A. Chulukitsani, mupeza ma watt 2.5. Khomo la USB 3.0 limafika 0.9 A, ndiye kuti ma watt 4.5. Tsono tembenuzani adaputa ya G29 muwerenge zimene zalembedwa kumsana kwake: 24 V, 1.75 A. Amenewo ndi ma watt 42, pafupifupi ka 17 kuposa za USB 2.0. M'kati mwa chiwongolerocho muli mamota awiri amene ntchito yake ndi kulimbana ndi manja anu, kukukankhani mukamakhota mothamanga ndi kunjenjemera tayala likaponda miyala. Kulimbana ndi mikono ya mnyamata wa Fomu 4 si ntchito ya ma watt 2.5.

Ndiye ndinayambira pomwepo. Ndinazula kapulagi kozungulira kamene kamalowa pansi pa chiwongolero, ndinaika multimeter pa DC volts, nsonga imodzi m'kati mwa kabowo, inayo pa chitsulo chakunja. Mita inawerenga 0.

"Mwaona? Yapsa," anatero mphwanga, ngati kuti akusangalala kuti wapeza wolakwa.

Ndinamuuza kuti akanikize pulagi ya kukhoma ndi chala, pa pulasitiki pokha. Mita inalumpha kufika pa 24. Atachotsa chala inagweranso pa 0. Adaputa inalibe vuto. Magetsi a ku South Africa ndi a kuno ndi ofanana, ma volt 230 pa 50 Hz, ndipo adaputayo inalembedwa kuti imalandira kuyambira 100 mpaka 240. Chosiyana ndi maonekedwe a pulagi. Iyi inabwera ndi timiyendo tiwiri tozungulira, tating'ono, pamene masoketi athu ali ndi mabowo atatu amakonamakona. Mphwanga anachita zimene ambirife timachita: anakankha kachitseko ka soketi ndi chotsekera cholembera, n'kukakamiza pulagi kulowa. Inalowadi, koma inkangolendewera, zitsulo zikukhudzana mwa apo ndi apo.

Pano ndiimeko pang'ono, chifukwa ndikudziwa kuti kunyumba kwanu kapena ku hositelo kuli soketi yotere. Zitsulo zikamakhudzana pang'ono chabe, pamalopo resistance imakwera, ndipo kutentha kumene kumabadwa pamenepo ndi I²R. Pa tchaja ya foni mwina mungopeza pulasitiki yada. Pa ketulo kapena mbaula yamagetsi, pomwe current ndi yambiri, n'chimene chimasungunula soketi n'kuyatsa nyumba. Komanso pulagi yathu ya miyendo itatu imakhala ndi fyuzi m'kati, ya miyendo iwiri ija ilibe. Kachitseko kaja sanakaikepo kuti akuvutitseni.

Mwayi wake, waya wochoka kukhoma kufika pa adaputa ndi wozuka, wofanana ndi wa wailesi. Tinabwereka wa wailesi ya mayi wogulitsa zitumbuwa pafupi, wokhala ndi pulagi ya miyendo itatu. Mita inakhazikika pa 24 osagwedera.

Mphwanga anandiululira kuti dzulo lake anatsala pang'ono kulumikiza tchaja ya laputopu, poti kapulagi kake kamaoneka kofanana. Matchaja ambiri a laputopu amatulutsa ma volt 19 kapena pafupi ndi pamenepo, osati 24. Posankha adaputa ina, voltage iyenera kufanana ndendende ndi imene chipangizo chikufuna. Ma ampere olembedwa pa adaputa akhoza kuposa, palibe vuto, chifukwa nambala imeneyo ndi malire a zimene adaputa ingathe kupereka, ndipo chipangizo chimakoka zokhazo zimene chikufuna. Ambiri mumasokoneza pamenepa pa mayeso, mumaganiza kuti adaputa ya 3 A "ikankhira" 3 A m'chilichonse. Ayi. Chinanso choyang'ana ndi kachithunzi kosonyeza ngati + ali pakati pa kapulagi kapena kunja. Mukatembenuza zimenezo mukhoza kuotcha chinthu chimene chinali chabwinobwino.

Swichi yoyamba inali yatseka. Chiwongolero chinali chikadali duu. Koma tsopano tinali ndi nambala, 24, ndiye panalibenso chifukwa chobwerera kukhoma.

Mawaya anayi

PlayStation ya mphwanga imakhala m'kabokosi kazitsulo kokhoma, pamwamba pafupi ndi denga, chifukwa cha manja ataliatali. Waya wa chiwongolero sunkafika, choncho anagula wina wowonjezera pamsika n'kuudutsitsa pansi, kuseri kwa benchi.

Suzumirani m'kati mwa pulagi ya USB yamakona ija, muona timizere tinayi tachitsulo. Tiwiri ta m'mbali ndi ta magetsi: kamodzi ka ma volt 5, kena ka ground. Tiwiri tapakati ndi ta uthenga, timatchedwa D+ ndi D−. Mukayang'anitsitsa muona kuti ta m'mbalito ndi totalikirapo pang'ono. Anachita dala, kuti polowetsa pulagi magetsi ayambe kufika uthenga usanayambe kuyenda. Mukasenda waya wakale wa USB nthawi zambiri mupeza mitundu inayi: wofiira wa ma volt 5, wakuda wa ground, wobiriwira wa D+ ndi woyera wa D−.

Funso limene ine limandisangalatsa ndi ili: PlayStation imadziwa bwanji kuti pakhomo pake pafika mlendo? Ilibe maso. Zimene imachita ndi potential divider yomwe ija timajambula pa bolodi. Mbali ya PlayStation, kapena kompyuta iliyonse, mawaya awiri a uthenga aja amamangiriridwa ku ground kudzera m'ma resistor a 15 kΩ. Pakakhala palibe chalumikizidwa, onse awiri amakhala pa 0 V. Chipangizo chikalumikizidwa n'kumva ma volt 5 aja, chimamangirira waya mmodzi wa uthenga ku 3.3 V kudzera mu resistor ya 1.5 kΩ. Zipangizo za liwiro lotchedwa full speed zimachita zimenezi pa D+, zoyenda pang'onopang'ono, monga mambewa ena a kompyuta, zimachita pa D−. Tsono muli ndi ma resistor awiri mu series, 1.5 kΩ pamwamba ndi 15 kΩ pansi, ndipo voltage ya pakati pawo ndi 3.3 × 15 ÷ 16.5. Tengani cholembera muwerengere. Mupeza 3.0 V. Waya amene anali pa 0 walumpha kufika pa 3, ndipo kumeneko ndiko kugogoda pachitseko. Zikatero PlayStation imafunsa mlendoyo dzina, iye n'kuyankha ndi manambala: ya kampani imene inamupanga ndi ya mtundu wa chipangizo. Nambala ya Logitech, m'kalembedwe ka hexadecimal, ndi 046D.

Ndiye onani kuti zinthuzi zimadalirana. Popanda ma volt 5, chipangizo sichigogoda. Popanda mawaya apakati, chimagogoda koma palibe akumva. N'chifukwa chake waya wina amatchaja foni bwinobwino koma kompyuta osaiona foniyo: mawaya ena otchipa amakhala ndi timawaya tiwiri tokha ta magetsi, ta uthenga mulibe.

Ndinazula waya wowonjezera uja mbali zonse ziwiri, ndinabweretsa mitu yake pamodzi, n'kuika mita pa continuity, paja imalira ngati njira ili yotseka. Kumbukirani, muyeso umenewu timachita pa waya amene sali pa magetsi alionse. Kamzere koyamba, tswii. Kachiwiri, tswii. Kachitatu, tswii. Kachinayi, ka ma volt 5, zii. Titatsatira wayayo ndi zala tinapeza malo ophwatalala, pomwe mwendo wa benchi unkamuponda anyamata anayi atakhalapo. Kunja pulasitiki inali yosang'ambika, koma m'kati kawaya kanali kataduka.

Tinatsegula kabokosi, tinatsitsa PlayStation n'kuiika pa tebulo, ndipo chiwongolero tinachilumikiza mwachindunji. Ndimalangiza zimenezi nthawi zonse poyesa: chotsani chilichonse chapakati, kaya ndi waya wowonjezera kaya ndi kabokosi kogawa makomo a USB. Mukafunadi wowonjezera pambuyo pake, dziwani kuti USB 2.0 inapangidwira waya wosapitirira mamita 5.

Chiwongolero chinangoti gwedee, n'kuyamba kuzungulira chokha. Mphwanga anadzidzimuka n'kuchigwira.

"Chisiye!" ndinakuwa.

Chifukwa chake chimazungulira chokha

G29 imazungulira madigiri 900 kuchoka kumapeto ena kufika kumapeto ena, ndiye kuti maulendo awiri ndi theka. Kuti gemu idziwe pamene mwapotozera, m'kati muli kamaginito kozungulira limodzi ndi makinawo, ndi sensa yoima pafupi nako. Sensayi imagwira ntchito ndi zimene anatulukira Edwin Hall mu 1879, ali wophunzira pa Johns Hopkins University ku Baltimore, ku America. Iye anadutsitsa current m'kachidutswa ka golide kopyapyala kwambiri, n'kukaika pakati pa maginito. Anapeza kuti pakati pa m'mbali ziwiri za kachidutswako pabadwa voltage yaing'ono. Maginito amakankhira ma charge oyendawo mbali imodzi, mbaliyo n'kudzaza kuposa inzake. Mphamvu yokankhayo ndi yomwe ija mumaipeza ndi zala zitatu za dzanja lamanzere pa lamulo la Fleming, ndipo ndi yomweyonso imene ikuzunguza mamota awiri aja. Kamaginito kakatembenuka, voltage ya Hall imasintha, makina n'kuwerenga. Ubwino wake ndi woti palibe zokhulana, choncho palibe chimene chimaperepeseka.

Koma sensa imeneyi imangodziwa kuti mwazungulira mochuluka bwanji. Siingadziwe yokha kuti pamene magetsi amayaka chiwongolero chinali pa ulendo woyamba kapena wachiwiri. N'chifukwa chake chikangoyaka chimapita mpaka kukagunda kumapeto, n'kubwerera kukagunda kumapeto enawo, kenako n'kukaima pakati, madigiri 450 kuchokera mbali iliyonse. Mukachigwira pa nthawi imeneyi chikhoza kuyesa dzanja lanu ngati mapeto, ndiye "pakati" pake pakhala polakwika, galimoto izingokokera kumbali. Zili ngati kuika zinthu pa sikelo musanaiike pa ziro.

Kwa ife kuzungulirako kunali chizindikiro chachiwiri, ndipo n'chothandiza kwambiri kwa amene alibe mita. Chiwongolero chotere chikadzizungulira chokha, dziwani kuti ma volt 24 akufika, mamota ali moyo, ndipo USB yadzutsa makina ake.

Kaswichi kaja

Tinatsegula Gran Turismo Sport. Mphwanga anapotoza chiwongolero. Galimoto osakhota. Nkhope yake inagwanso.

Apa sipanafunike mita. G29 inatuluka mu 2015, nthawi imene anthu ambiri anali akadali ndi PlayStation 3, choncho pamwamba pake anaikapo kaswichi kolembedwa PS3 mbali ina, PS4 mbali ina. Kaswichika kamasintha mmene chiwongolero chimadzitchulira chikafunsidwa dzina. Mwini wake wakale anakasiya pa PS3. Mphwanga anali atakakankhirapo pa PS4 Lachinayi, koma poti nthawi imeneyo magetsi sankafika komanso waya anali woduka, anaona ngati sikathandiza n'kukabwezera. Ndi nkhani ija ya maswichi atatu.

Tinakaika pa PS4, tinazula USB n'kuilowetsanso kuti kufunsana dzina kuyambirenso, tinadikira chizungulire chimalize, kenako tinadina batani la PS lili pa chiwongolero pomwepo n'kusankha dzina la wosewera. Sitepe yomalizayi ambiri amaiiwala. PlayStation imafuna kudziwa kuti chipangizo chilichonse chili m'manja mwa wosewera uti, ndipo mukapanda kudina batanilo imangomvera padi. Amene muli ndi PlayStation 5, kaswichi kamakhalabe pa PS4.

Pa sitepe imeneyi pali vuto lina limene mita kapena waya watsopano sangathetse. G29 ili ndi mbale wake wofanana naye kwambiri, G920, koma iyeyo ndi wa Xbox. Zonse ziwiri zimagwira pa kompyuta, koma G920 siigwira pa PlayStation, ndipo G29 siigwira pa Xbox, ngakhale pulagi ya USB imalowa bwinobwino. Makina a gemuwa amafuna kuti chipangizo chitsimikize kuti ndi chovomerezeka kwa iwo. Apa si nkhani ya physics, ndi ya malonda, ndipo ine sindiikonda, koma ndi mmene zilili. Wachibale akamakugulirani kunja, muuzeni ajambule mabatani: a PlayStation ali ndi kamtanda, kabwalo, katatu ndi kanayi, pamene a Xbox ali ndi zilembo A, B, X ndi Y. Komanso si gemu iliyonse imene imamva chiwongolero. Pa gemu ya mpira mungapotoze mpaka dzuwa kulowa.

Zikanakhala kuti ma volt 24 alipo, waya ndi wamoyo, kaswichi kali pamalo pake koma chinthucho chili duu, ndikanachilumikiza pa laputopu kuti ndione ngati ikuchizindikira. Laputopu ikanachiona, ndikanakayikira makomo a PlayStation. Ikanapanda kuchiona, pamenepo ndiye sikuludiraiva ikanagwira ntchito, m'manja mwa wokonza wodziwa. Koma adaputa yokha musaitsegule, ngakhale mutaizula kukhoma. Muli ma capacitor amene amasunga ma volt opitirira 300 kwa kanthawi magetsi atachoka.

Mphwanga anapotoza chiwongolero pang'ono, ndipo matayala a galimoto ya pa sikirini anatembenuka. Sananene kanthu. Anatuluka panja, ndinangomva akuuza mayi wa zitumbuwa kuti waya wawo awabwezera madzulo akagula wake.

Atabwera anandiumiriza kuti ndiyambe ndine. Sindinayendetsepo galimoto chibadwire, njinga yokha. Ndinaponda moto mpaka pansi, ndipo pa kona yoyamba chiwongolero chinayamba kulemera m'manja, kenako mwadzidzidzi chinapepuka. Kupepukako ndi uthenga: gemu yawerengera kuti matayala akutsogolo asiya kugwira msewu, ndiye yachepetsa current yopita ku mamota. Ndikanakhala wodziwa ndikanachotsa phazi. Ine ndinali ndikufotokozabe za friction pamene galimoto inakalowa m'chipupa cha matayala.

Anyamata amene anali atadzaza kale pakhomo anafa nacho chikhakhali. Mmodzi ndinamuzindikira, ndimamuphunzitsa Fomu 2, ndipo anayesetsa kubisala kuseri kwa mnzake.

"Achimwene, tapatsaniko mpata makasitomala," anatero mphwanga, dzanja lili kale m'kachitini ka ndalama.